Mmene mungalembere mbiri ya mayi wa zisudzo wa ku Japan amene anasewera m'mafilimu odzutsa mapokoso

M'gulu lathu la zisudzo, limene limakumana Loweruka masana m'kalasi ina pafupi ndi tauni ya Kasungu, tili ndi chizolowezi chakuti mwezi uliwonse munthu mmodzi amafufuza mbiri ya katswiri wa zisudzo wa kudziko lina, n'kuilemba, kenako n'kudzatiwerengera tisanayambe kuyeserera sewero. Mnyamata wina amene anapatsidwa dziko la Japan anabwera ndi masamba awiri onena za mayi wina wa m'mafilimu a zaka za m'ma 1970. M'masambamo munalibe chaka chimene mayiwo anayamba ntchito, munalibenso dzina la kampani imene inkawalipira, koma munadzaza mawu ofotokoza thupi lawo ndi manyazi amene mlembiyo ankaganiza kuti mayiwo anayenera kukhala nawo. Atamaliza kuwerenga, mtsikana wina amene tinali titangomupatsa kumene mbali ya mkazi woyendayenda m'sewero lathu anafunsa kuti, "Achimwene, ndiye kuti inenso mudzandilemba choncho?" Malangizo awa ndawalembera aliyense wofuna kulemba nkhani ya mtundu umenewu, kaya ndi ya pa intaneti, ya pawailesi kapena yowerengera anzake m'gulu, kuti ituluke ngati mbiri ya ntchito ya munthu, isamveke ngati miseche ya pamjigo.

Musanalembe ngakhale dzina la mayi amene mwamusankha, yambani mwafufuza mmene malonda a mafilimu ankayendera m'zaka zimene iye ankagwira ntchito. Mafilimu okhudza za kuchipinda anachuluka ku Japan pa nthawi imene makampani opanga mafilimu ankamira m'ngongole. M'chaka cha 1958 nyumba zoonetsera mafilimu m'dzikolo zinagulitsa matikiti oposa 1.1 biliyoni, koma wailesi yakanema italowa m'makomo, makamaka kuyambira pa ukwati wa Akihito, mwana wa mfumu ya dzikolo, ndi Michiko mu 1959 ndiponso masewera a Olympics a ku Tokyo mu 1964, anthu anayamba kumangokhala panyumba, moti pofika 1970 matikiti anali atatsika kufika pafupifupi 255 miliyoni. Kampani ya Shintoho inagwa mu 1961, ndipo ya Daiei inatsatira mu 1971. Pa mpata umenewo timakampani ting'onoting'ono tinayamba kupanga mafilimu otsika mtengo a za kuchipinda otchedwa pinku eiga, ndipo imene ambiri amaiwerengera kuti ndi yoyamba ndi Flesh Market ya mu 1962, yotsogoleredwa ndi Satoru Kobayashi. Nikkatsu, kampani yakale imene inakhazikitsidwa mu 1912, itaona kuti nayonso yatsala pang'ono kutseka zitseko, mu Novembala 1971 inatembenukira ku mafilimu amene inawatcha Roman Porno, ndipo inapitiriza mpaka 1988, n'kutulutsa mafilimu pafupifupi 1,100. Lamulo la kampaniyo linali lakuti filimu ikhale yaifupi, ya mphindi pafupifupi 70, ijambulidwe m'masiku owerengeka, ndipo pa mphindi pafupifupi khumi zilizonse pazioneka za kuchipinda. Wotsogolera akangokwaniritsa zimenezo ankapatsidwa ufulu wonena zimene zinali kumtima kwake, ndipo n'chifukwa chake ena mwa mafilimuwa amakamba mozama za umphawi, za ndale ndi za kusungulumwa kwa amayi okhala m'nyumba zosanjikizana za m'mizinda.

Ife a kuno ku Kasungu nkhani imeneyi siyenera kutivuta. Tenanti wa pa esiteti sasankha mbewu yoti alime. Mwini esiteti akanena kuti chaka chino ndi fodya wa bale, ndiye kuti ndi bale basi, ndipo wokana amamanga katundu wake. Ochita zisudzo a ku Japan anali omangika mofanana ndi mmenemo. Mu 1953 makampani asanu akuluakulu anapangana kuti asamalandane antchito, ndipo Mayi Fujiko Yamamoto, amene anali wotchuka zedi ku Daiei, atapempha mu 1963 kuti aziloledwa kukasewera kumakampani ena, anachotsedwa ntchito, makampani enawo n'kuwatsekera makomo, moti kuyambira pamenepo ankangooneka m'zisudzo za papulatifomu ndi pa wailesi yakanema. Ndime yofotokoza zinthu zoterezi iikeni koyambirira kwa nkhani yanu, chifukwa woiwerenga akadziwa mwini munda, sathamangira kuweruza wolima.

Chotsatira n'chaching'ono koma chimapunthwitsa ambiri, ndicho mayina ndi zaka. Ku Japan dzina la banja ndilo limayamba, la munthu n'kubwera pambuyo, pamene mabuku ambiri a Chingerezi amawatembenuza, choncho Miyashita Junko ndi Junko Miyashita ndi munthu mmodzi, ndipo inu musankhe kalembedwe kamodzi n'kukatsata mpaka kumapeto. Ambiri ankagwiritsanso ntchito mayina a pantchito: Mayi Meiko Kaji dzina lawo lobadwa nalo ndi Masako Ota, ndipo mafilimu awo oyambirira ku Nikkatsu analembedwa ndi dzina limenelo. Filimu imodzi imatha kukhala ndi dzina la Chijapani ndi ena awiri kapena atatu a Chingerezi, kotero musaiwerenge katatu. Mukakumana ndi chaka cholembedwa m'kawerengedwe ka Showa, kotsatira zaka za ulamuliro wa mfumu Hirohito, ingowonjezerani 1925, mwachitsanzo Showa 46 ndi 1971.

Mukatero tengani kope, mugawe tsamba m'zigawo zisanu, cha chaka, cha dzina la filimu, cha kampani, cha wotsogolera ndi cha mbali imene mayiyo anasewera, ndipo mudzaze mzere ndi mzere kuyambira filimu yoyamba mpaka yomaliza. Ntchito imeneyi ndi yotopetsa ndipo imadya bandulo, koma mukaimaliza mudzaona zinthu zimene nkhani zothamangitsa za pa intaneti sizinena. Tiyeni titenge Mayi Junko Miyashita. Iwo anabadwira ku Tokyo mu 1949, ankagwira ntchito yoperekera khofi m'kanyumba kodyera pamene anaitanidwa kukayesa mafilimu, anayamba mu 1971 m'timakampani ta pinku eiga, ndipo mu 1972 analowa ku Nikkatsu kumene anapitiriza mndandanda wa mafilimu a Apartment Wife umene Mayi Kazuko Shirakawa anauyamba. Mukayang'ana chigawo cha otsogolera, mayina awiri amabwerezabwereza: Tatsumi Kumashiro, amene anagwira nawo The World of Geisha mu 1973 ndi The Woman with Red Hair mu 1979, ndiponso Noboru Tanaka, amene anagwira nawo A Woman Called Sada Abe mu 1975 ndi Watcher in the Attic mu 1976. Awiriwa ndi amene akatswiri ounika mafilimu amawalemekeza kwambiri pa otsogolera onse a Roman Porno. Wotsogolera waluso akamabwerera kwa munthu mmodzimodzi chaka ndi chaka, ndiye kuti wapeza mwa iye chinthu chosowa, pakuti likanakhala thupi lokha, kampani ikanam'pezera wina watsopano pamtengo wotsika. Umboni wina uli pa mphoto: Mayi Miyashita analandira ya Blue Ribbon chifukwa cha mbali zothandizira zimene anasewera m'mafilimu wamba a mu 1978, ndipo mu 1979 analandira ya Hochi monga mayi wosewera bwino koposa. Mphoto zimenezi zimapikisanidwa ndi ochita zisudzo a mitundu yonse ya mafilimu, ndipo muzilembe pamodzi ndi zaka zake.

Pamene ndikufuna mutayepo nthawi yochuluka ndi pa kuyerekeza. Mbiri ya munthu mmodzi payokha imaoneka ngati tsoka kapena mwayi, koma mukaiika pambali pa ya mnzake amene anagwira ntchito yofanana, zifukwa zimayamba kuoneka. Pa nkhani yathuyi pali chitsanzo chabwino kwambiri, chifukwa amayi awiri anasewera mbali ya munthu mmodzi m'zaka ziwiri zotsatizana.

Munthuyo ndi Sada Abe, mayi weniweni amene mu Meyi 1936 ku Tokyo anapha chibwenzi chake, mwini malo odyera dzina lake Kichizo Ishida, n'kumudula ziwalo, ndipo mlandu wake unagwedeza dziko lonse pa nthawi imene asilikali ankakulitsa mphamvu zawo m'boma. Analamulidwa kukhala m'ndende zaka zisanu ndi chimodzi ndipo anatuluka mu 1941. Mayi Miyashita anasewera mbali ya Sada mu 1975 motsogoleredwa ndi Tanaka, mkati mwa malamulo a dzikolo, pakuti gawo 175 la malamulo a zilango ku Japan limaletsa zolaula, ndipo bungwe lounika mafilimu la Eirin linkaonetsetsa kuti zina zibisidwe. Chaka chotsatira, mu 1976, wotsogolera wina, Nagisa Oshima, anatulutsa In the Realm of the Senses, ndipo Sada anali Mayi Eiko Matsuda, amene anachokera m'gulu la zisudzo za papulatifomu la Tenjo Sajiki, lotsogoleredwa ndi Shuji Terayama. Oshima anafuna kuswa dala malire amene Tanaka anawalemekeza. Anagwirizana ndi Anatole Dauman, wopanga mafilimu wa ku France, anajambula filimuyo ku Japan popanda kubisa kanthu, n'kutumiza zojambulazo ku France kuti zikatsukidwe ndi kulumikizidwa kumeneko. Filimuyo inaonetsedwa pa chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes, ku France, chaka chomwecho ndipo inatchuka padziko lonse, koma ku Japan inaonetsedwa itaphimbidwa malo ambiri, ndipo Oshima anazengedwa mlandu wa zolaula chifukwa cha buku lokhala ndi mawu ndi zithunzi za filimuyo. Khoti linam'peza wosalakwa mu 1979, ndipo chigamulocho chinatsimikizidwa mu 1982.

Tsopano tsegulani kope lanu lija, mutsate anthu atatu a m'filimu imeneyo. Oshima anapanga Empire of Passion ndipo analandira mphoto ya wotsogolera wabwino koposa ku Cannes mu 1978. Tatsuya Fuji, bambo amene anasewera mbali ya Kichizo ndipo anavula chimodzimodzi ndi Mayi Matsuda, ndi amenenso anasewera mbali yaikulu mu Empire of Passion, anapitiriza ntchito kwa zaka makumi anayi ndi kuposerapo, ndipo mu 2023, ali ndi zaka 82, analandira mphoto pa chikondwerero cha mafilimu cha ku San Sebastián, ku Spain. Mzere wa Mayi Matsuda ndi waufupi: mafilimu owerengeka pambuyo pa 1976, kenako filimu ya Chifalansa ya Pierre Rissient mu 1982, basi. Pali anthu amene akamva zimenezi amafulumira kunena kuti walira mvula walira matope. Mwambiwo musaulowetse m'nkhani yanu, chifukwa mvula inagwera onse atatu koma matope anamata mmodzi, ndipo ntchito ya mlembi ndi kufunsa kuti zinatheka bwanji. Maganizo anga ndi akuti Mayi Miyashita anatetezeka chifukwa anali ndi kampani kumbuyo kwawo imene inkawapatsa mbali zosiyanasiyana chaka chilichonse, moti oonera anazolowera kuona munthu waluso amene lero ndi uyu mawa ndi wina, pamene Mayi Matsuda anadziwika ndi filimu imodzi imene dzina lake linakula kuposa lawo, ndipo oonera analephera kusiyanitsa Eiko ndi Sada. Inu mukhoza kuona mwina, koma mukalemba maganizo otere muzisonyeza kuti ndi anu, asaoneke ngati mfundo yotsimikizika.

Kuno kwathu timadziwa mmene dzina la m'sewero limakanirira pa munthu. A Michael Usi anthu akhala akuwatcha Manganya kwa zaka zambiri chifukwa cha sewero la Tikuferanji, ndipo dzinalo silinawalepheretse kukhala wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko mu 2024. Koma mtsikana akasewera mbali ya mkazi woyendayenda pa bwalo la ku Santhe kapena ku Chatoloma, mawa lake pamsika ena amayamba kumuitana ndi dzina la m'sewerolo mwachipongwe, ndipo makolo amayamba kufunsa ngati n'koyenera kuti azipitabe kugulu. Kumbukirani kuti ena mwa owerenga nkhani yanu ndi atsikana oterowo ndi makolo awo.

Lembaninso za zimene mayiyo anakana, pakuti mbiri ya ntchito ili ndi mbali zimene munthu anavomera ndi zimene anazisiya. Mayi Meiko Kaji, amene anabadwa mu 1947 ndipo analowa ku Nikkatsu mu 1965, anali atatchuka ndi mafilimu a Stray Cat Rock pamene kampaniyo inasintha njira mu 1971, ndipo iwo anachoka. Anapita ku kampani ya Toei, kumene mu 1972 anasewera mkaidi wachikazi mu Female Prisoner 701: Scorpion, yotsogoleredwa ndi Shunya Ito, filimu imene nayonso inali ndi nkhanza ndi kuvula kochuluka. Atasewera mafilimu anayi a mndandanda umenewo anaulekanso, ngakhale unkabweretsa ndalama. Mu 1973 anasewera Lady Snowblood, mu 1978 analandira mphoto zikuluzikulu za dzikolo chifukwa cha filimu ya Sonezaki Shinju ya Yasuzo Masumura, ndipo kuyambira 1989 anakhala zaka zambiri m'sewero la pa wailesi yakanema la Onihei Hankacho. Chenjerani pamenepa kuti musasandutse Mayi Kaji kukhala woyera, otsalawo n'kukhala otayika. Iwo anachoka ali kale ndi dzina loti akhoza kugogoda nalo pa khomo lina, mwayi umene mtsikana wochokera m'kanyumba ka khofi analibe. Otsalawonso sanathere pomwepo: Mayi Shirakawa anadzaoneka mu Vengeance Is Mine ya Shohei Imamura mu 1979. Ndipo taonani mmene amuna amalembedwera. Yojiro Takita anayambira m'mafilimu a pinku eiga omwewo, koma filimu yake ya Departures italandira mphoto ya Oscar mu 2009, zaka zoyambirirazo zinkatchulidwa ngati sukulu imene anaphunzirirako ntchito. Muyeso umene mungamuyesere Takita, muwayeserenso amayiwa.

Pa kasankhidwe ka mawu, Chichewa sichikusowetsani kanthu. Tili ndi mawu aulemu monga za kuchipinda, kukhala malo amodzi ndi kuvula, ndipo chiganizo chimodzi n'chokwanira kudziwitsa wowerenga mtundu wa filimu imene mukukamba. Malo otsalawo muwapereke ku luso lenileni, monga mmene mayiyo ankagwiritsira ntchito maso, mawu, kayendedwe ndi kukhala chete. Mkaidi wa Mayi Kaji uja, mwachitsanzo, amalankhula mawu ochepa kwambiri m'mafilimuwo, ndipo mkwiyo wake wonse umaonekera m'kayang'anidwe. Wophunzira zisudzo angatolepo zambiri pamenepo. Mawu onyoza monga hule kapena akuti anadzigulitsa asapezeke m'nkhani yanu, ndipo m'malo mwake muzinena za ntchito, mbali, malipiro ndi mgwirizano. Izi sizikutanthauza kuti muzipaka laimu pa khoma long'ambika. Ngati mayiyo ananena yekha pofunsidwa kuti anakakamizidwa, analipidwa zochepa kapena anavulala pojambula, zilembeni momveka bwino, n'kutchula amene ananena ndi chaka chimene ananenera. Chimene simuyenera kuchita ndi kumuikira mawu m'kamwa.

Pali nkhani ya malamulo imene sindingailumphe. Ku Malawi kuno filimu yoonetsedwa kwa anthu imayenera kuvomerezedwa ndi bungwe la Censorship Board motsatira lamulo la Censorship and Control of Entertainments Act la mu 1968, ndipo malamulo a zilango amaletsa kugulitsa, kugawa kapena kuonetsa zolaula. Ambiri mwa mafilimu amene ndawatchula pano ndi a akuluakulu okhaokha, ndipo ena sangaloledwe n'komwe. Musawatengere ku vidiyo sho, kumene ana amasuzumira m'mipata ya mpanda, musawaike pa memori khadi ya mnzanu, ndiponso musawatumize m'magulu a WhatsApp ponamizira maphunziro. Mbiri ya ntchito imalembeka bwinobwino kuchokera m'mindandanda ya mafilimu, m'mindandanda ya mphoto monga ya magazini ya Kinema Junpo imene inayamba kutuluka mu 1919, m'zimene mayiyo anayankha atolankhani, ndi m'zolemba za akatswiri ounika mafilimu. Filimu imene simunaionere musaiweruze ngati munaionera. Tchulani katswiri amene mwatengako maganizowo. Chithunzi choika pamwamba pa nkhani chikhale cha nkhope, mayiyo atavala, makamaka cha pa mwambo wolandira mphoto, ndipo chikhale chimene muli ndi chilolezo chochigwiritsa ntchito.

Chovuta kulemba koposa ndi zaka zomaliza. Ambiri mwa amayiwa atasiya mafilimu anasankha kukhala phee, ndipo mlembi amakopeka kudzaza malo opanda kanthuwo ndi misozi, kulapa kapena umphawi wongopeka, chifukwa nkhani yothera m'chilango imakoma m'makutu a anthu ena. Mayi Naomi Tani, amene anatchuka ndi Flower and Snake ya mu 1974, anapuma pa ntchito mu 1979 akadali pamwamba, n'kukayamba malonda awoawo ku Kumamoto, ndipo palibe chifukwa chowalembera ngati munthu wothawa. Pamene zolembedwa zathera, inunso muime pomwepo. Ndime yomaliza ya mbiri ya Mayi Matsuda ikhoza kungonena kuti anabadwira ku Yokohama mu 1952, anaphunzira ntchito m'gulu la Tenjo Sajiki, anasewera mbali ya Sada Abe mu 1976, anaoneka komaliza m'filimu mu 1982, ndipo anamwalira mu Malichi 2011 ali ndi zaka 58.